Msitu wa Dzana: mafunso amene anthu amafunsa kawirikawiri

Msitu wa Dzana ndi nkhalango ya m'nthano zimene ndimasimba madzulo. Ndinaziyambira ana, koma masiku ano akuluakulu ndiwo amakhala kutsogolo. M'msitumu nthawi siyenda monga iyendera kumudzi: mayi akhoza kulowamo kukatola nkhuni zophikira nkhomaliro, n'kutuluka mwana amene anamusiya akukwawa ali ndi zidzukulu. Mafunso ali m'munsiwa ndi amene amabwera mobwerezabwereza, ena kwa ana, ena kwa aphunzitsi, ena kwa anthu ongofuna kundigwira bodza. Ndayamba ndi apafupi.

Kodi Msitu wa Dzana ulikodi?

Ayi, ndi wopeka. Musataye ndalama ya basi kuufunafuna, ndipo a zankhalango musawavutitse. Zenizeni m'nthanozi ndi mitengo, mbalame, bowa ndi miyambo ya anthu okhala m'mbali mwake. Izo sindipeka, chifukwa mwana wa kumudzi amadziwa mwezi umene masuku amapsa, ndipo ukamunamiza pamenepo sakhulupiriranso zotsalazo.

Nanga m'nthanomo msituwu uli chakuti?

Uli kuseri kwa phiri, kupitirira manda, pamene kanjira kopita ku mabwinja a mudzi wakale kamathera. Sinditchula boma. Womvera wa ku Dedza amauika kuseri kwa phiri la kwawo, wa ku Chipata kapena ku Angonia nayenso chimodzimodzi, ndipo onse amalondola.

Ukauonera patali sudabwitsa. M'mphepete muli mitengo ya mombo, mchenga ndi misuku, ya m'thengo lililonse. Ukalowa mkati umapeza kamtsinje kamene m'mbali mwake mwaima mibawa italiitali, ndipo pakati penipeni pali mkuyu umodzi waukulu, mizu yake itakumbatira thanthwe. Chokha chimene mlendo watcheru angaone ndi chakuti palibe chitsa ngakhale chimodzi.

Nthawi imayenda bwanji m'menemo?

Imachedwa, ndipo imachedwa kwambiri munthu akamalowerera mkati. Pali zigawo zitatu.

M'mphepete, momwe muli masuku, ola limodzi ndi tsiku lathunthu la kumudzi. Apa ndi pamene ana amagwera m'mavuto ang'onoang'ono. Mtsikana amadzaza kadengu kake, n'kubwerera akuimba, n'kupeza mudzi wonse wagona panja masiku awiri ukumufuna, amayi ake mawu atasasa ndi kuitana. Iye amalumbira kuti sanachedwe, ndipo sanama.

Ukawoloka kamtsinje kaja, usiku umodzi ndi chaka. Alenje ndi ofula njuchi ndiwo amawoloka, chifukwa nyama yolasidwa imathawira tsidya limenelo, ndipo nsadzu nayo imakonda kuitanira anthu komweko. Munthu amati ndingogona kamodzi, mawa ndilawirira. Akalawiriradi amapeza munda wake walimidwa, wakololedwa, ndipo mapesi anatenthedwa kale.

Pa mkuyu palibe muyeso. Kungotsamira tsinde lake n'kusinza pang'ono, mbadwo wapita. Wina amataya zaka 30, wina 60, ndipo awiri okhala pansi nthawi imodzi akhoza kutuluka m'zaka zosiyana. Aphunzitsi a masamu amadandaula pamenepa, amafuna ndiwapatse chiwerengero choti ana achulukitse pa bolodi. Ndimakana dala. Zigawo ziwiri zoyambazo n'zokwana kuchitira masamu. Chachitatu chiyenera kuopsa, ndipo chinthu chodziwika mtengo wake sichiopsa kwenikweni.

Munthu angadziwe bwanji kuti walowa?

Zizindikiro zilipo, koma zimaoneka bwino kwa munthu wosafulumira, pamene ambiri amalowa akuthamangitsa kanthu.

Choyamba ndi nyengo kusakanizika. Mbali ino nyenje zikulira monga mu Okutobala, masamba atsopano a mombo ali ofiira. Ukayenda mapazi makumi awiri ukuponda bowa wa utale pa dothi lonyowa. Patsogolo pang'ono udzu wauma, kukuzizira ngati mu Juni, nkhungu ili pansi. Ngumbi zikutuluka pa chulu pamene mphutsi za masuku akale zili pomwepo. Mlimi aliyense ayenera kuima n'kudzifunsa, koma dyera la bowa limatseka maso.

Chachiwiri ndi phokoso la kumudzi. Uli m'mphepete umamvabe mitondo, atambala ndi agalu, koma zonse zimathamanga: kusinja kumamveka ngati kunjenjemera, tambala amalira kachidule kosongoka. Ukawoloka madzi phokosolo limasanduka kulira kumodzi kopyapyala ngati kwa udzudzu, kenaka zii.

Chachitatu ndi chithunzithunzi chako. Kuwala kwa m'msitu ndi kwa chakumadzulo nthawi zonse, dzuwa litapendeka, ndipo chithunzithunzi sichitalika kapena kufupika. Mdima umagwa mwadzidzidzi, popanda chisisira.

Wotchi kapena foni sizingathandize?

Sizingathandize, ndipo funsoli amafunsa ndi achinyamata nthawi zonse. Wotchi imalowa nawe limodzi, choncho imawerenga nthawi yako, osati ya kumudzi. Ikati papita maola atatu, thupi lako lidzavomereza: njala ya maola atatu, ludzu la maola atatu. Palibe chimene chawonongeka mu wotchiyo. Foni imasowa netiweki munthu asanafike n'komwe pa msuku woyamba, ndipo akatuluka imangolandira mauthenga a zaka zonsezo motsatizana, ngati nambala yake sanaipereke kale kwa wina. Onaninso funso la sayansi m'munsimu, chifukwa pamfundo iyi nthano ndi sayansi zikugwirizana.

Ndiye kuti wolowamo sakalamba?

Amakalamba monga mwa masiku amene wakhala iye mwini. Wagona usiku utatu tsidya la mtsinje, wakalamba masiku atatu, ngakhale kumudzi papita zaka zitatu. Apa ndi pamene anthu ambiri amasokonezeka, n'kumayesa msituwu mankhwala a moyo wautali. Suwonjezera munthu tsiku ngakhale limodzi. Amene anayenera kukhala zaka 70 adzakhala zaka 70 zomwezo, kungoti zina adzazikhala pakati pa anthu osamudziwa.

Nanga dambo limene anthu amatulukamo ali nkhalamba?

Limenelo lili kuzambwe kwa msitu, ndipo zinthu kumeneko n'zotembenuka: mkati nthawi imathamanga, kunja imaima. Ndi dambo lokongola, la madzi oyera, nsomba zosathawa, nzimbe zomera zokha. Wolowamo amamanga kamsasa, amati ndipumeko pang'ono, ndipo njira yotulukira imamusowa. Amakhala zaka zambiri yekhayekha. Tsiku lina amaipeza njira ija, n'kufika kumudzi ali ndi imvi, msana utapindika, mano atatha, n'kupeza madzi a nsima amene anasiya mkazi wake atatereka sanawire n'komwe.

Ana amaopa nthano za mkuyu, koma akuluakulu amakhala chete kwambiri pa za damboli. Nkhalamba ija imaima pakhomo, mwana wake wa zaka zinayi n'kuthawira kuseri kwa amake akulira kuti kwabwera agogo achilendo. Sindisimba nthano za ku dambo kawirikawiri. Zimalemera.

Kodi munthu angabwerere m'mbuyo, kukaona makolo ake amene anamwalira?

Ayi. Lamulo ili sindinalithyolepo ndipo sindidzalithyola, ngakhale ndi limene anthu amandipempha kwambiri, makamaka amene maliro sanawachokere mumtima. Msitu umachedwetsa nthawi kapena kuifulumizitsa, koma suibweza.

Chimene chilipo ndi mawu. Pafupi ndi thanthwe la pa mkuyu nthawi zina pamamveka mawu a masiku akale a mudzi: amayi akusinja, ng'oma ya chinamwali, munthu akuitana mbuzi ndi mawu amene ukuwadziwa. Ambiri amene anataya mbadwo wathunthu anautaya chomwechi, atakhala pansi kuti amvetsere pang'ono. Mawuwo sayankha ukawaitana, ndipo mwini wake saoneka.

Chakudya cha m'msitu chimadyedwa?

Zipatso, bowa ndi uchi zimadyedwa popanda vuto. Koma nthawi zina woyenda amapeza nsima yotentha ndi ndiwo zake pa tsamba la nthochi, popanda wophika. Lamulo ndi lakuti udye wekha mwakachetechete, usaitane mnzako, usatengeko kupita nako kumudzi. Wotengako amafika ndi fumbi m'thumba, ndipo woitana mnzake amatembenuka n'kupeza mnzakeyo palibe, walowa m'chaka china.

Lamulo limeneli si langa. Ndinabwereka kwa anthu a ku Mulanje, amene amasimba za chakudya chokonzakonza, monga nthochi zakupsa, chimene mizimu imasiyira oyenda m'phiri, ndipo malangizo ake ndi omwewo. Zoti nthawi imasokonekera ndi zimene ndinawonjezera ine.

Ndiye kuti msituwu ndi phiri la Mulanje, kapena Khulubvi?

Ayi, ndipo pamenepa ndimafuna kusiyanitsa bwino. Malo amenewo ndi enieni, ali ndi eni ake ndi miyambo yawo, si zoseweretsa za wosimba nthano.

Khulubvi ndi nkhalango ya m'boma la Nsanje momwe muli kachisi wa Mbona, amene Amang'anja amapitako kukapempha mvula. Mitengo yake sadula ndipo munthu salowamo mwachisawawa. Ku Msinja, kufupi ndi Dzalanyama, kunali kachisi wa Makewana, ndipo m'mapiri omwewo muli Kaphirintiwa, pamene Achewa amati anthu oyamba anatsikira n'kusiya mapazi pa thanthwe. Nsonga ya Sapitwa pa Mulanje ndi yotalika mamita 3,002, ndipo anthu asowapodi: mu 2003 mtsikana wa ku Netherlands anakwera yekha osapezekanso, ndipo mu 2009 mnyamata wa ku Brazil anapezeka atamwalira patapita masabata akumufuna. Kumeneko nkhungu imatseka njira m'kanthawi kochepa, usiku kumazizira koopsa, ndipo miyala ili ndi maphompho. Wofuna kukwera atenge wolondolera wa komweko.

Chimene ndinatenga ku malo onsewa, ngakhalenso ku msitu wa kumanda wa mudzi uliwonse, ndi chinthu chimodzi chimene aliyense anachionapo: pakati pa minda yoti see, mitengo inatha kalekale, pamatsala kachigawo kobiriwira kamene nkhwangwa sinakakhudze. Ukalowamo pa maliro umaona mmene dziko lonselo linalili agogo a agogo ako ali ana. Maganizo a msitu wosunga nthawi anachokera pamenepo.

Mwini msituwu ndani? Kodi ndi zaufiti?

Mulibe mfiti, mulibe sing'anga, ndipo palibe amene analodza malowa. Ndinasankha dala kuti pasakhale munthu woloza chala, chifukwa nkhani zolozana ufiti zavulaza kale nkhalamba zambiri m'midzi mwathu, ndipo sindifuna kuwonjezera nkhuni pamoto umenewo.

Amene amaoneka kawirikawiri ndi birimankhwe wamkulu wa pa mkuyu. Mukukumbukira nthano yakale ija, yoti Chauta anatuma birimankhwe kukauza anthu kuti akafa adzadzukanso, iye n'kumayenda monyang'wa mpaka buluzi anamupitirira ndi uthenga wa imfa. M'nthano zanga birimankhweyo akadali pa ulendo. Ali pa nthambi ya mkuyu, mwendo umodzi uli m'mwamba, ndipo kwa iye ndi m'mawa womwe uja anatumidwa. Salankhula ndi munthu, sathandiza ndipo salanga. Ana ena amati ndiye amachedwetsa msitu, ena amati msitu ndiwo unamuchedwetsa iye. Mkangano umenewo ndimawasiyira okha.

Bwanji osathawiramo nthawi ya njala, kapena pothawa ngongole?

Funso la anthu ochenjera, ndipo m'nthanozi alipo amene anayesa. Bambo wina anaona kuti nkhokwe yatha mu Januwale, n'kuwerengera kuti akakhala m'mphepete mwa msitu masiku atatu okha adzatuluka chimanga chitacha. Masamu ake anali olondola. Anaiwala kuti munda sudzipalira wokha. Anatuluka anzake akudya mondokwa, wake munda uli tchire lofika m'khosi, mkazi ndi ana atadutsa Febuluwale yense ndi maganyu ndi gaga. Mkaziyo sanakalipe. Anangomuikira madzi osamba, n'kutuma mwana kukaitana ankhoswe.

Wa ngongole zinamuthera moipa koposa. Anakongola kwa wakatapila, n'kuwoloka mtsinje kuti agone masiku asanu, poganiza kuti pa zaka zisanu munthu amaiwala. Wakatapila saiwala, ndipo chiwongoladzanja chimayendera nthawi ya kumudzi. Anapeza njinga, mbuzi ndi malata a nyumba zinapita kale, ndipo ngongole ikumudikirabe.

Pakadafunda padajiwitsa galu. Komabe cholakwa cha anthu awiriwa si ulesi wokha. Masiku amene munthu wadumpha sasowa, amagwera wina amene watsala kunja, ndipo ndi amene amawasenza.

Otuluka patapita zaka zambiri amapeza zotani?

Nthano imene anthu amaipempha kwambiri ndi ya wofula njuchi. Analowa nthawi ya Chitaganya, pakati pa 1953 ndi 1963, ali mnyamata wa zaka za m'ma 30, atasiya mkazi ndi kamwana kakakazi koyamba kumene kuyenda. Anatsata nsadzu, nawoloka mtsinje, nafula uchi, nakhala pansi pa mkuyu kuti anyambite zala.

Akutuluka anapeza kanjira kasanduka msewu. Pamene panali nyumba yake panali mjigo, atsikana akupopa madzi m'zigubu zachikasu. Atamuona ndi kansalu kake ndi chikwatu cha uchi anayamba kuseka. Kunabwera wapolisi pa njinga yamoto, iye n'kubisala kuseri kwa mtengo poyesa ndi mesenjala wa msonkho. Pa kagolosale anatulutsa makobiri obowola pakati, amene anawamanga pa kachingwe, kuti agule mchere. Wogulitsa anawatembenuzatembenuza n'kufunsa ngati ndi zithumwa. Mapaundi ndi masheleni anatha mu 1971 pamene kunabwera kwacha ndi tambala, ndipo mnyamata wa m'golosaleyo anali asanawaonepo. Atafunsa za lole yopita ku Fort Johnston, panasowa womuyankha mpaka nkhalamba ina inati, "Akunena ku Mangochi awa."

Anamutengera kwa mayi wina wa imvi amene ankasankha mtedza pakhonde. Iye anagwada patali n'kunena kuti, "Pepani amayi, ndasochera. Ndikufuna pakhomo pa apongozi anga, panali mtengo wa mango apa." Mayiyo sanamuyang'ane kumaso. Anayang'ana phazi lake lamanzere, pamene panali chipsera cha nkhwangwa chimene malemu amayi ake ankachitchula nthawi zonse. Lichero linagwa. "Atate, ndinu?"

Ndimaimira pamenepo kanthawi, chifukwa vuto limene likubwera ndi la pakamwa. Bamboyo akulephera kunena "iwe" kwa munthu wa imvi, ndipo mayiyo akugwadira mnyamata wamsinkhu wa mwana wake wachisamba. Mpaka nthano kutha amangoitanana "inu" onse awiri.

Akapeza mkazi wake anakwatiwanso, mlandu umaweruzidwa bwanji?

M'nthanozi mudzi umadikira zaka zingapo, kenaka umalira maliro popanda mtembo, anthu amameta, ndipo akuchimuna amamusudzula mkaziyo kuti akhale womasuka. Zikatero banja latsopano ndi lovomerezeka, ndipo wobwerayo alibe mlandu woti asume. Anyakwawa amamva mbali zonse chifukwa cha ulemu chabe.

Popeza midzi ya m'nthanozi ndi yachikamwini, bamboyo amapezeka kuti alibe poima. Munda unali wa kuchikazi, ana ndi a mbumba ya amayi awo, ndipo mwinimbumba wa lero ndi munthu amene anabadwa iye atapita kale. Amamuuza mwaulemu kuti abwerere kwawo kwa alongo ake, kumene nakonso omudziwa ali kumanda. Mkazi akasowa n'kubwera zimakhala zosiyana pang'ono: mudzi ndi wake, malo amapatsidwa, koma amapeza ana ake analeredwa ndi mng'ono wake ndipo ndi amene amamutcha amayi.

Omvera ena amati chiweruzochi n'chouma mtima, poti munthuyo sanachite dala. Ine ndimaima ndi otsala. Anadikira, analira, analera ana, ndipo sangafafanize zaka 20 za moyo wawo chifukwa kwa mnzawo unali usiku umodzi.

Kodi nthanozi zikunena za matchona?

Akuluakulu amazindikira msanga, ndipo sindikana. Kwa zaka zambiri amuna a kuno ankapita ku migodi ya ku Joni ndi ku mafamu ndi migodi ya ku Southern Rhodesia, ena pansi, ena kudzera ku Wenela, bungwe limene linkalemba anthu ntchito ya kumigodi ya ku Joni. Ambiri ankati ndikagwire zaka ziwiri, ndigule njinga ndi makina osokera, ndibwere. Ena anabweradi. Ena anatchona, n'kukwatira komweko, ndipo zidzukulu zawo zilipo mpaka lero ku Harare, ku Bulawayo ndi m'midzi ya m'migodi, zina zikuvinabe gule. Mu Epulo 1974 ndege ya Wenela inagwa ku Francistown m'dziko la Botswana n'kupha Amalawi oposa 70 amene ankabwerera kwawo, ndipo boma la Dr Kamuzu Banda linaimitsa ulendowo. Pambuyo pake anthu anayambanso kupita kudzera ku Teba, bungwe limene linalowa m'malo mwa Wenela, mpaka chakumapeto kwa zaka za m'ma 1980.

Mtchona akabwera atakalamba, ali ndi sutikesi ndi chipewa, ankafunsa anthu amene anamwalira kalekale, n'kumalankhula Chichewa cha nthawi imene anachoka, chosakaniza ndi mawu a kumigodi. Mudzi umene anausunga m'mutu unali utaima tsiku limene anakwera sitima. Kusiyana kwake ndi wofula njuchi uja n'kwakuti mtchona amakalamba nawo. Lero ulendo ndi wa ku Johannesburg, Cape Town kapena ku Britain, ndipo foni yachepetsa mtunda, koma mwana amene unamusiya ali kumsana n'kumamuonera pa WhatsApp amakulandirabe ngati mlendo.

Maiko ena ali ndi nthano zotere?

Ambiri. Ku China amasimba za wodula nkhuni, Wang Zhi, amene anaima m'phiri kuonerera anthu awiri akusewera masewera a pa bolodi, ndipo pofuna kunyamuka anapeza mpini wa nkhwangwa yake utafumbwa, kumudzi kulibe womudziwa. Ku Japan kuli msodzi Urashima Tarō, amene anacheza masiku owerengeka m'nyumba yachifumu ya pansi pa nyanja n'kupeza kwawo papita zaka mazana. Anatsekula kabokosi kamene anamuletsa, ukalamba wonse n'kumugwera nthawi imodzi. Ku Ireland kuli Oisín, amene anabwera pa kavalo patapita zaka 300 ndipo atangokhudza dothi anasanduka nkhalamba. Akhristu akale ankasimba za anyamata a ku Ephesus amene anagona m'phanga pothawa chizunzo, ndipo Asilamu nkhaniyi amaidziwa m'sura ya Al-Kahf, momwe zaka zake ndi 300 kuwonjezapo 9. Mmodzi wa anyamatawo anadziwika ndi ndalama yakale imene anapita nayo kumsika, ndipo makobiri a wofula njuchi wanga ndi abale ake a ndalama imeneyo.

Kusiyana kwa Msitu wa Dzana n'kwakuti wotuluka sagwa n'kusanduka fumbi. Imeneyo ndi njira yachidule yothetsera nthano. Wanga amakhala ndi moyo, ndipo mawa lake ayenera kupeza pogona ndi khasu.

Sayansi imati chiyani? Nthawi ingayendedi mosiyana malo awiri?

Ingathe, ndipo imatero, koma osati chifukwa cha mitengo. Albert Einstein anaonetsa mu 1905 kuti wotchi imene ikuyenda pa liwiro lalikulu imachedwa poiyerekeza ndi imene yatsala, ndipo mu 1915 anawonjezera kuti wotchi imachedwanso pamene mphamvu yokokera zinthu pansi ili yaikulu. Mu 1971 akatswiri awiri, Joseph Hafele ndi Richard Keating, anakweza mawotchi olondola kwambiri m'ndege zozungulira dziko lapansi, ndipo pobwera anasiyanadi ndi amene anatsala pansi monga momwe masamu ananenera.

Foni yanu imadalira zimenezi ikamakuuzani pamene muli. Masetilaiti a GPS ali pa mtunda wa makilomita pafupifupi 20,200 kumwamba, ndipo mawotchi ake amatsogola tsiku lililonse ndi tizigawo 38 ta sekondi imodzi yogawidwa ka 1,000,000. N'zochepa kwambiri, moti pafunika zaka pafupifupi 72 kuti kusiyanako kukwane sekondi imodzi, koma akanapanda kukonza, mapu a pa foni bwenzi akuphonya ndi makilomita pafupifupi 10 pa tsiku.

Zinthu ziwiri za m'nthano zanga zikugwirizana ndi sayansiyi: woyendayo samva chachilendo chilichonse m'thupi mwake kapena pa wotchi yake, ndipo palibe kubwerera m'mbuyo. Zotsalazo, monga nyengo zinayi m'nkhalango imodzi, ndi bodza la nthano basi.

Nanga n'chifukwa chiyani munthu wosochera m'thengo amalakwitsa masiku?

Imeneyo ndi nkhani ya mutu wa munthu, osati ya nthawi. Timawerenga masiku ndi dzuwa, atambala, chakudya ndi anthu otizungulira. Zikachotsedwa zimenezi, kuwerenga kumasokonekera. Mu 1962 Mfalansa wina, Michel Siffre, anatsikira m'phanga la m'mapiri a Alps pa 16 Julayi wopanda wotchi. Anzake atamuuza pa 14 Sepitembala kuti nthawi yakwana, iye ankayesa kuti ndi pa 20 Ogasiti. Mu 2023 mayi wa ku Spain, Beatriz Flamini, anatuluka m'phanga atakhalamo masiku 500, iye akuganiza kuti sanakwanitse n'komwe masiku 200. Onse awiri anachepetsa masiku, monga amachitira anthu a m'nthano zanga. Wodwala amene wagonekedwa nthawi yaitali m'chipatala amachitanso chimodzimodzi.

Ootcha makala sangaudule msituwu?

Funso ili linayamba kubwera posachedwa, ndipo n'lomveka, poti nkhalango zenizeni zikuthera m'matumba a makala, mpaka ku Dzalanyama boma linatumizako asilikali mu 2015 kuti akalondere. M'nthano anayesapo anyamata atatu. Anagwetsa mitengo ya m'mphepete, naiunjika, naikwirira ndi dothi, nayatsa. Uvuni wa makala umafuna masiku angapo kuti upse, ndipo iwo anaulondera masiku asanu ndi limodzi a m'msitu. Potuluka ndi matumba pa njinga anapeza papita miyezi pafupifupi isanu, amene anawapatsa ndalama za oda anagula kale kwa ena ndipo akuwafuna ndi apolisi. Atabwerera kuti akadulenso sanapeze chitsa chilichonse. Za kumene zitsazo zinapita ndi nthano ina, ndipo sindinaimalize.

Ndingasimbe nthano yangayanga ya Msitu wa Dzana?

Simbani, simufunika chilolezo. Yambani ndi "Padangotero", omvera ayankhe "Tili tonse", ndipo muikemo kanyimbo koti azivomera, chifukwa nthano yopanda nyimbo ana amagona isanafike pa mtsinje. Ndimangopempha kuti musunge malamulo atatu amene afotokozedwa pamwambapa: palibe kubwerera m'mbuyo, palibe mfiti yoimbidwa mlandu, ndipo msitu suwonjezera munthu masiku. Zina zonse sinthani monga mufunira. Wa kunyanja akhoza kusandutsa kamtsinje kukhala bango la m'mbali mwa nyanja, wa ku Shire akhoza kuika mlambe m'malo mwa mkuyu.

Musanayambe, khalani pansi muwerenge zaka za munthu aliyense wotsala kumudzi, pa tsiku lolowa ndi pa tsiku lotuluka. Omvera amawerengera chamumtima, ndipo mukalakwitsa msinkhu wa mwana mmodzi yekha padzapezeka wina kumbuyo wokweza dzanja.